Gulugufe Wosadya Kanthu

Mvula ikayandikira, mapiri a ku Dowa ndi Ntchisi amasintha maonekedwe. Mitengo ya mombo ndi mitondo imaphuka masamba anthete ofiirira, ndipo usiku pamabwera tizilombo tambiri touluka pamene pali nyali. Timeneti timatchedwa akadziwotche chifukwa timazungulira moto mpaka kupsa mapiko. N'chifukwa chake munthu wodziputira yekha tsoka akulu amati ndi kadziwotche.

Pakati pa tizilombo ta usiku timeneti pali gulugufe wina wamkulu. Akatambasula mapiko ake amakwana pafupifupi masentimita 12. Pa mapiko ake am'mbuyo pali maŵanga aŵiri ozungulira onga maso. Mbalame ikafuna kumujompha, iye amaonetsa maŵangawo mwadzidzidzi, ndipo mbalameyo imadzidzimuka nkuthaŵa.

Chodabwitsa ndi chakuti gulugufeyu sadya kanthu moyo wake wonse. Agulugufe a masana ali ndi kamlomo kakatali koyamwira timadzi ta m'maluŵa, koma uyu alibe pakamwa podyera. Mwana wina angafunse kuti, "Nanga poti amayenda usiku anthu ali m'tulo, kodi amadya maloto athu?" Iyayi, sadya maloto. Kuti tidziŵe kumene amatenga mphamvu, tiyenera kuona moyo wake kuyambira pachiyambi.

Gulugufe wamkazi amaikira mazira pa masamba a mtengo. Pakapita masiku ngati 10 mazirawo amaswa timbozi. Timbozito timadya masamba usana ndi usiku, ndipo pokula timafundula khungu kanayi. Pakatha masabata ngati 6 timakhala titasanduka mbozi zonenepa ngati chala cha munthu wamkulu. Mbozi zimenezi ndizo matondo, ndiwo zokoma zija timagula pa msika.

Matondo akakhwima amatsika mu mtengo nkuloŵa pansi. M'nthakamo amasanduka kanthu kolimba ndi kakuda, kosayenda ndiponso kosadya. Amakhala momwemo miyezi yambiri kufikira nyengo yake itakwana. Pamenepo chikhungu chija chimang'ambika, ndipo gulugufe amatuluka. Mphamvu zimene amaulukira ndi za mafuta amene anasunga m'thupi akali mbozi. Mafutawo sakhalitsa, choncho gulugufeyu amangokhala ndi moyo masiku oŵerengeka. Ntchito yake ndi imodzi yokha: kupeza mnzake ndi kusiya mazira. Wamphongo ali ndi tinyanga tonga nthenga timene amanunkhizira fungo la wamkazi ngakhale ali patali mu mdima.

Matondo amapezeka kuyambira mwezi wa Okotobala mpaka Disembala, nthaŵi imene chakudya chimayamba kuchepa m'nkhokwe. Amayi akatola amafinya matumbo, nkuŵiritsa m'madzi a mchere, kenaka nkuyanika padzuŵa. Matondo ouma sawonongeka msanga, ndipo koposa theka la kulemera kwake ndi chakudya chokulitsa thupi, chonga chopezeka mu nyama ndi nsomba. Mbalame, abuluzi ndi anyani nawonso amadya mbozizi, ndipo ndoŵe zake zimathira manyowa m'nkhalango.

Komatu matondo ali ndi adani. Moto wolusa wa m'chilimwe umatentha masamba anthete pamodzi ndi mazira. Anthu ena aulesi amagwetsa mtengo wathunthu kuti atole mbozi mosavuta, osaganiza kuti chaka chamaŵa gulugufe adzasoŵa poikira mazira. Ena amatha mitengo pootcha makala. Enanso amatola zonse, zazing'ono zomwe, osasiyako zoti ziloŵe pansi. Mbozi ikapanda kuloŵa pansi, gulugufe sabadwa. Gulugufe akapanda kubadwa, matondo amatheratu.

M'chaka cha 1990 boma linalola anthu a m'midzi yozungulira nkhalango ya zinyama ya Kasungu kuloŵamo kukatola matondo pa nyengo yake. Cholinga chinali chakuti anthu aone phindu la nkhalango ndi kuyamba kuisamala. Phunziro lomwelo ndi lofunikanso kwa ife tonse, makamaka okhala m'mphepete mwa nkhalango ya Ntchisi ndi m'mapiri a ku Dowa. Tisadule mitengo mwachisawawa, tisayatse moto m'tchire, ndipo potola tisiyeko mbeu. Paja akulu anati, fodya wako ndi uyo ali pamphuno. Koma wanzeru amakumbukiranso za maŵa.

Mafunso

1. Kodi munthu wotani amatchedwa kadziwotche?
2. Kodi maŵanga a pa mapiko amamuthandiza bwanji gulugufe?
3. Fotokozani kumene gulugufeyu amatenga mphamvu zoulukira.
4. Tchulani zinthu zitatu zimene zingathetse matondo.
5. Chifukwa ninji tiyenera kusiyako mbozi zina potola?

Zochita

Funsani makolo anu maina a mbozi zodyedwa za kwanu ndi mitengo imene zimapezekamo. Lembani mainawo m'makope mwanu.